Agogo Anga Ankayeza Mvula

Agogo anga aamuna akandibwerera m'maganizo, chimene chimayamba kundifika si nkhope yawo ayi, koma fungo la phulusa losakaniza ndi madzi a mandimu. Ankalikandira m'chibenthu cha chikho atakhala pakhonde dzuwa likungotuluka, utsi wa nkhuni za bulugama ukutuluka m'madenga a udzu nkumasakanikirana ndi nkhungu, belu la kufakitale likuitana anthu othyola tiyi. Zala zawo zinali zothetheka chifukwa cha phulusa limenelo, ndipo akandigwira patsaya kuwawasa kwa ndimu kunkandilowa mpaka m'mphuno. Phulusalo linali lopukutira zitsulo za mkuwa za pamwamba pa phiri, kumene ankagwira ntchito yoyeza mvula.

Dzina lawo la ubatizo linali Yotamu. Anafika ku Thyolo kuchokera kutsidya, kwa Apwitikizi, akuthawa zikwapu ndi ntchito yokakamiza, atanyamula mayi anga pamapewa. Mzungu wa esiteti anawapatsa malo omangapo nyumba ndi kamunda, ndipo malipiro ake anali thangata: miyezi ya dzinja, pamene munda wako ukufuna khasu, iwe unkakalima wa mzungu. Ine pobadwa ndinapeza agogo aakazi atamwalira kale. Bambo anga anapita ku Halale mayi ali ndi pathupi pa mlongo wanga Petulo, ndipo sitinawaonenso. Choncho pakhomo tinalipo anayi okha, mayi ndi ife ana awiri m'nyumba yaikulu, agogo m'kanyumba kawo pambali. Dzina langa ndine Marita, koma iwo ankangonditcha mkazi wawo, monga amachitira agogo ndi adzukulu awo aakazi, ndipo ankadandaula mwanthabwala kuti anakwatira mkazi waulesi wosadziwa kusinja.

Phirilo silinali lalikulu ngati la Thyolo lenileni, koma linaima lokha kuseri kwa fakitale, pamwamba pake popanda mtengo. Anthu ankapatcha pa Nsanja. Amene anamangapo anali mng'ono wake wa mwini esiteti, mzungu woonda amene ankatsokomola osaleka mpaka anthu anamutcha Chifuwa. Za tiyi analibe nazo ntchito. Ankati madokotala akwawo anamuuza kuti akakhale kumene kuli mpweya wabwino, ndiye iye atafika anayamba kuuyeza mpweyawo. Agogo anali mmodzi wa anthu amene ankamunyamula pamachila kukwera naye phirilo. Anzawo akafika pamwamba ankagona pa udzu kupumula, koma iwo ankaima kumbuyo kwake nkumasuzumira zimene akuchita, ndipo mzunguyo ataona zimenezo anawatenga kuti azisamala malowo.

Pamwambapo panali kanyumba ka njerwa kofolera malata, zenera lake loyang'ana ku Mulanje. Patsogolo pake panaima mlongoti wautali, pansonga pake pali muvi wachitsulo umene unkatembenuka ndi mphepo, ndipo akapanda kuuthira mafuta unkalira ngati kamwana ka mbuzi. Pambali panali kabokosi koyera koima pa miyendo, kokhala ndi timipata todutsa mphepo, m'kati mwake muli timachubu tagalasi toyezera kutentha. Chapatali pang'ono anakwirira chitini cha mkuwa, kukamwa kwake kuli fanelo, pansi pa faneloyo pali botolo lolandira mvula. M'kanyumbamo munapachikidwa chinthu chonga wotchi koma cha singano imodzi yokha, ndipo pakona panaima chubu chachitali cha mkuwa cha miyendo itatu, choonera zakumwamba.

Ntchito ya agogo inali yokwera m'mawa uliwonse, kuchotsa botolo, kuikapo lina, ndi kutsika nalo lija ku ofesi kumene kalaliki ankathira madziwo m'kagalasi ka mizere nkulemba. Kaya mvula yagwa kaya sinagwe, botolo linkayenera kufika ku ofesi. Chifukwa cha ntchito imeneyi anawachotsa pa thangata, nkuwapatsa jekete lakale la mabatani achitsulo. Anzawo amene anaoloka nawo malire ankazula ziputu m'minda yatsopano ya tiyi, msana uli pamtunda, iwo akudutsa ndi botolo m'manja atavala jekete. Sindikuganiza kuti ankadziwa mmene ankaonekera.

Ine ndinkakwera nawo kawirikawiri, chifukwa mayi akapita kothyola tiyi ankabereka Petulo yekha. Njira inkadutsa m'mizere ya tiyi yonyowa ndi mame, nsalu yanga nkunyoweratu mpaka m'chiuno, kenako inkalowa m'miyala. Pamwamba mphepo inkaomba nthawi zonse. Kum'mawa kunkaoneka Mulanje, kumadzulo dziko linkatsika mpaka kuchigwa cha Shire kotentha, ndipo kukakhala koyera agogo ankandilozera chakum'mwera kuti kwawo ndi uko, kumene kumachokera chiperoni, kamvula kozizira kowaza masiku angapo osaleka. Ankandipatsa kansanza kuti ndipukute miyendo ya chubu chija, koma galasi lake sankalola kuti ndilikhudze.

Tsiku lina madzulo, dzuwa lisanalowe, mwezi unali kale m'mwamba, wotuwa ngati chibenthu cha makaka. Chifuwa anali atakhala pampando panja atafunda bulangete, chubu chija atachilozetsa kumwezi. Atandiona ndikubisala kumbuyo kwa agogo, anawakodola kuti andinyamule ndione. Poyamba ndinkangoona nsidze zanga. Kenako mwezi unadzaza diso lonse, uli ndi maenje ndi mapiri ndi mithunzi yake, nkhope yake yonse yodyeka ngati ya munthu amene anadwalapo nthomba. Ndinachita mantha nkukankha chubucho. Ndinafunsa agogo ngati kumakhala anthu, iwo nkufunsa mzunguyo, ndipo iye m'Chinyanja chake chothyokathyoka anati kulibe munthu, kulibe mphepo, kulibe madzi. Tinatsika mpaka tinafika pa tiyi. Pamenepo agogo anaima, nkutchula Mulungu m'Chilomwe chakwawo, nati, “Dziko lonse lija lopanda ndi dontho lomwe. Muluku analilengeranji?” Lamulungu lotsatira anafotokozera anthu panja pa tchalitchi zimene anaona. Ambiri anaseka, koma a Simiyoni, mkulu wa mpingo amene anali mnansi wathu ndiponso mnzawo woolokera naye limodzi malire, anawauza kuti pali zinthu zina zimene munthu sayenera kuzisuzumira.

Chimene agogo ankachikonda kwambiri chinali singano ija. Kuwerenga sankadziwa, koma Chifuwa anawaonetsa kuti singano ikapendekera kumanzere mvula imakhala pafupi, ikabwerera kumanja kumayera. Anayamba kuchenjeza amayi kuti mawa asayanike ufa, ndipo nthawi zambiri zinkachitikadi. Pang'onopang'ono anthu anayamba kuwaimitsa panjira kuwafunsa za kumwamba. Zimenezi zinkawakomera. Sankayankha msanga; ankayamba atulutsa fodya wawo wa mphuno, kufwenthera, kuyang'ana ku Nsanja, nkuyankha ngati munthu amene wauzidwa chinsinsi. Za singano sankauza aliyense. Ankafuna kuti anthu aziganiza kuti nzeruzo ndi zawo.

Chifuwa anamwalira nyengo yozizira, nkuikidwa kuseri kwa nyumba ya mkulu wake. Mkulu wakeyo za mwezi ndi mphepo analibe nazo chidwi, koma botolo ankalifuna, chifukwa eni ake a kampani kutsidya la nyanja ankafunsa za mvula. Kiyi wa kanyumba anatsala ndi agogo. Timachubu ta m'kabokosi palibe ankatiwerenganso, chubu chachitali palibe ankaoneramo, koma iwo ankazipukutabe zonse m'mawa uliwonse ngati mwini wake abwera mawa.

Chaka cha chilala chinayamba bwino ngati zaka zina zonse. Mvula yoyamba inagwa, anthu anadzala, chimanga chinamera mpaka kufika m'mawondo, kenako kumwamba kunangoti mbee. Masamba anapotana, nkuyera, nkuyamba kuthyoka ukawagwira. Mabanja ambiri anali ndi mbewu pang'ono yotsala yopachika pamwamba pa moto, ndipo funso linali lakuti aisinje ana adye kapena aisunge. Tsiku lina mitambo yakuda inayalana kuchokera ku Mulanje, kunja kuli chitungu. A Simiyoni anabwera kwathu chipewa chili m'manja. Anati akazi awo akufuna kusinja mbewu yotsalayo, koma iwo aganiza zoyamba afunsa. Agogo m'mawa umenewo anali ataona singano itagwera kumanzere kuposa masiku onse. Anafwenthera fodya wawo, nati, “Dzalani, achimwene. Iyi ndi yeniyeni.”

Mawuwo anayenda mudzi wonse. Mvula inagwadi usiku ndi usana wake, ndipo anthu anadzala mbewu yomaliza, ifenso tinadzala yathu. Itangomera, dzuwa linabwerera. Tizomera tija tinapsa tisanatulutse tsamba lachitatu.

Kuyambira pamenepo masiku ankafanana. Masana aliwonse mitambo inkabwera, kuda, kugunda, anthu nkutulutsa miphika panja. Ikafika pa Nsanja inkaoneka ngati yagawikana, ina kulowera kuchigwa, ina kubwerera, muvi uja ukutembenuka pansi pake. Tiyi yekha, wa mizu yozama, anakhalabe wobiriwira phiri lonse pamene minda yathu inali ngati yatenthedwa. M'mawa nkhungu inkasiya timadontho m'botolo, ndipo agogo ankatsika nalo kudutsa pakati pa mudzi, atalifumbata pachifuwa kuti lisagwe, anthu anjala atakhala m'makonde akuwayang'ana.

Sindikudziwa amene anayamba kunena. Ine ndinazimva kukasupe, kumene tinkadikira madzi ongodontha. Mayi wina anauza mnzake, osatsitsa ndi mawu omwe, kuti muvi wa pa Nsanja ndi umene ukulasa mitambo, ndipo mvula imene ikanagwa m'minda a Yotamu akuitengera mzungu m'botolo kuti azithirira tiyi. Wina anawonjezera kuti munthu wodziwa tsiku limene mvula ibwere amadziwanso kuimanga, ndipo anatiuza dala kuti tidzale kuti atimalize. Atandiona, ndowa yanga anaikankhira kumapeto kwa mzere. Kutchalitchi benchi limene agogo ankakhala linayamba kutsala lopanda munthu. Ana anzanga analeka kundiitana kophada.

A Simiyoni anabweranso, ulendo uno osakhala pansi. Anawapempha agogo kuti aleke kukwera phiri, agwetse muvi, avundikire chitini chija mpaka mvula itagwa. Agogo anawafotokozera za singano tsopano, kuti ndi imene inawanamiza, kuti botolo silikoka kanthu koma limangolandira chimene chagwa, ndipo anawaitana kuti akaone okha. A Simiyoni anayankha kuti zaka zonsezi sanatchulepo za singano, bwanji akuitchula lero.

M'mawa mwake agogo anapempha kalaliki kuti akawanenere kwa bwana, kuti mwina atabwera yekha kumudzi nkufotokozera anthu ntchito ya zinthu zija, akhoza kumva. Anadikira panja pa ofesi mpaka dzuwa kupendeka. Kalaliki anatuluka ndi yankho lakuti bwana alibe nthawi ya zamasenga, ndipo botolo likangophonya tsiku limodzi, a Yotamu akudziwa chimene chimachitikira nyumba ya munthu wokana ntchito pa malo a kampani.

Nthawi imeneyo njala inali italowa m'nyumba iliyonse. Tiyi anali wobiriwira koma sankaphuka masamba atsopano, choncho amayi ambiri othyola anawabweza, mayi anga ali m'gulu lomwelo, ndipo kaphoso kamene ankabwera nako atamanga pansalu kanatha. Tinadya mango aawisi ophika mpaka anatha m'mitengo, tinadya gaga, kenako tinayamba kukumba zitsa za nthochi nkumazisinja. Ine mimba yanga inapirira. Petulo, amene anali atangoyamba kuyankhula bwino, anatsegula m'mimba. Mapazi ake anatupa, tsitsi linafiira, ndipo analeka kulira. Ankangogona pamphasa maso ali pa denga, ntchentche zikumutera pamilomo.

Mayi anga anali munthu wosayankhula zambiri, ndipo miyezi yonseyo anali asananenepo kanthu pa zimene anthu ankanena. Wina akawanyoza kukasupe ankangosenza mtsuko wawo nkumapita. Koma masana ena, agogo atakhala pansi pa mtengo wa mango akukanda phulusa lawo, mayi anatuluka atanyamula Petulo m'manja. Anagwada patsogolo pawo nkumugoneka mwanayo pamapazi awo.

“Ababa,” anatero, “sindikufunsani chimene munachita, kapena chimene mzungu uja anakupatsani. Ngati munaimanga, imasuleni.”

Agogo anayankha m'Chilomwe, chimene ankayankhula akafika pothedwa nzeru. “Mwanaka, ndikanakhala nayo, bwenzi ndikuibisira ndani? Uyu si magazi anga?”

“Ndiye kaswenitu botololo. Ngati lilibe kanthu, mukuliumiriranji?”

Anawauza kuti akaswa, kampani itigwetsera nyumba. Mayi anati nyumba amanga ina. Anati akaswa, anthu anena kuti avomera. Mayi anati anthu anene zimene akufuna. Anakhala chigwadire, osalira, dzanja lawo lili pamimba ya Petulo imene inkakwera ndi kutsika mofulumira ngati ya kambalame. Pomaliza agogo anakhuthula phulusa lija pansi, nati akauze a Simiyoni kuti mawa akaswa botololo.

M'mawa mwake anthu anakwera phiri, amuna ndi akazi, ena akupumira m'njira chifukwa cha kufooka. Mayi anatsala ndi mwana, ine ndinagwira jekete la agogo mpaka pamwamba. Kunali koyera kotheratu, Mulanje akuoneka ngati ungamukhudze. Agogo anagwada pa chitini, anachotsa fanelo, anatulutsa botolo nkuliimika m'mwamba kuti aliyense aone kuti mulibe kanthu. Kenako analimenyetsa pamwala, phwa. Anatenga nkhwangwa kwa mnyamata wina nkuyamba kudula mlongoti, koma mphamvu zinawathera, ndipo amuna ena anamalizitsa. Muvi unagwera m'miyala nkupindika.

Agogo ankaganiza kuti zithera pamenepo. Koma anthu anali atakhala miyezi akuyang'ana kanyumba kaja kuchokera pansi. Sanadikire kiyi, anathyola chitseko. Kabokosi koyera anakagubuduza, singano ija anaiponda mpaka galasi lake linasanduka mchenga. Amuna awiri anatulutsa chubu chachitali. Apa mpamene agogo anatambasula dzanja nati chimenecho chisiyeni, sichiona mvula, chimangoona mwezi. Palibe anawamva. Anachiponya kuphedi, ndipo tinachimva chikugunda miyala, kulira ngati belu, mpaka chinakaima pansi.

Zitatha a Simiyoni anavula chipewa, anapemphera, nkubwera kudzawagwira agogo paphewa. Ananena mwachifundo ndithu, anthu onse akumva: “Mwachita bwino kulapa, achimwene. Mulungu akukhululukireni.” Potsika agogo ankayenda ngati munthu wakhungu, ine ndi amene ndinkawatsogolera.

Petulo anamwalira tsiku lotsatira, dzuwa lili paliwombo. Okumba manda anavutika ndi nthaka yolimba ngati njerwa, ndipo kamanda kake sikanazame. Agogo analetsedwa kufika kumanda. Anakhala patali pansi pa mtengo wa bulugama, atavula chipewa, akumva nyimbo zokha.

Mvula inabwera m'mawa mwake. Inayamba ndi mphepo imene inakokolola masamba ouma a chimanga, kenako inakhuthuka, yamphamvu, yofiira ndi dothi m'njira zonse, ndipo sinaleke kwa masiku angapo. Inabwera mochedwa moti sikanapulumutsa munda uliwonse, ndipo mbewu yodzala panalibe amene anali nayo. Palibe amene analuluta. Anthu anaima m'makonde mwawo onse atayang'ana kwathu. Ndinaona mayi atatuluka panja opanda chofunda, madzi akuyenderera kumaso kwawo, akuyang'ana chitseko cha kanyumba ka agogo. Anaima choncho mpaka ndinapita kukawakoka. Kuchokera tsiku limenelo sindinawamvenso akutchula mawu akuti ababa.

Mvula isanakate, kapitawo anabwera kudzawatenga agogo. Ku ofesi bwana anafunsa amene anaononga zinthu za mng'ono wake, ndipo iwo anati ndi iwo okha, osatchula munthu wina aliyense. Anawagoneka pansi panja pa ofesi nkuwakwapula, munthu wa imvi. Kenako kapitawo anabwera ndi anyamata ndi zingwe, nkugwetsa madenga a nyumba zathu zonse ziwiri. Ena mwa anyamata okoka zingwewo anali omwe aja anaponya chubu kuphedi. Tinanyamula mphasa, miphika ndi makasu, nkuyamba ulendo m'matope, agogo akutsalira m'mbuyo chifukwa cha mabala.

Tinapita kwa Changata, kumene kunali mng'ono wawo wa agogo aakazi. Mbiri inali itatitsogolera. Anatilandira ine ndi mayi, koma anati munthu womanga mvula m'mudzi mwawo sangagonemo. Agogo sanatsutse. Anamanga msasa wa udzu m'mphepete mwa khwawa, kunja kwa mudzi, nkumakhala kumeneko okha. Anthu ankalambalala njira ya kumeneko, ndipo kukachita ng'amba ya masiku ochepa okha, anyamata ankabwera kudzagenda msasawo.

Mayi akamagawa chakudya, kaya chichepe bwanji, ankapatula kagawo m'kambale nkukaika pakhomo osanena kuti nka yani. Ine ndinkakanyamula kupita nako kukhwawa. Ndinkawapeza atakhala pamwala, msana utapindika, akuyang'ana pakati pa mapazi awo. Munthu amene kale sankatha kuyenda mtunda osakweza maso tsopano ankati mitambo ikagunda amalowa mumsasa nkufunda jekete kumutu. Analeka kunditcha mkazi wawo. Ankandifunsa ngati mayi ali bwino, ngati anadya, ngati ananenapo kanthu za iwo, ndipo ine ndinkayankha ziwiri zoyambazo.

Tsiku lina, nyengo yozizira itayamba, ndinawapeza asanakhudze chakudya cha dzulo lake. Anandiuza kuti ndikhale pafupi. Anati akhala akuganiza. Chifuwa anawaonetsa zambiri, koma mwina sanawauze zonse. Mwina muvi uja unalidi ndi ntchito ina imene iwo sankaidziwa, ndipo iwo ankauthira mafuta m'mawa uliwonse ndi manja awo. Anandiyang'ana, maso awo ali ofiira ndi utsi.

“Iwe unkakhala nane kumtunda kuja. Unkaona zonse. Kodi pali chimene ndinkachita?”

Ndinawauza kuti palibe, kuti ankangopukuta zitsulo ndi kunyamula botolo. Ndinabwereza kawiri, mokweza. Anagwedeza mutu pang'onopang'ono, nati, “Iwe ndiwe mwana.” Anatembenukira kukhwawa.

Sanamalize nyengo yozizirayo. Matenda a chifuwa anawagwira masiku a chiperoni, msasa ukudontha, ndipo m'mawa wina ndinawapeza atauma, atadzipinda ngati mwana. Amuna ochepa anawakumbira dzenje m'mbali mwa manda, kunja kwa mitengo, popanda nyimbo. Mayi anapereka nsalu yawo yabwino yokhayo kuti awakulungire, koma kumandako sanapite, ndipo sanalire, mwina analira pamene ine sindinkaona.

Ndinakula, ndinakwatiwa, ndinabereka ana, ena mwa iwo anapita kusukulu. Mwana wanga wachiwiri atafika makalasi apamwamba anandifotokozera za singano ija, kuti imayeza kulemera kwa mpweya, kuti imatha kugwa mvula nkugwa pang'ono kapena kukagwa kwina, ndiponso kuti mitambo imagawikana pa phiri lililonse loima lokha, kaya pali muvi kaya palibe. Anandijambulira pamchenga ndi kamtengo. Ndinamvetsa zonse, ndipo usana umenewo ndinapita kwa mayi, amene pa nthawiyo anali okalamba, maso atachita khungu, akukhala pakhomo panga.

Ndinawafotokozera pang'onopang'ono, monga mmene mwanayo anandifotokozera. Ndinawauza kuti mvula ija inali panjira kale, kuti ikanagwa ngakhale botolo likanakhala losasweka, kuti bambo awo sanamange kanthu ndipo sanaphe Petulo. Anamvetsera mpaka ndinamaliza, akusenda nandolo m'lichero ndi zala zawo zozolowera. Ndinkaganiza kuti alira, kapena akwiya. Anangosiya kusenda kanthawi, nkutembenuzira nkhope yawo kumene kunkachokera mawu anga.

“Koma inagwa,” anatero.

Anamwalira chaka chotsatira tisanakambenso nkhaniyo. Lero ndine wamkulu kuposa mmene agogo analili pamene ankafa, ndipo onse amene anakwera phiri m'mawa uja anapita kale. Amene ankadziwa kuti a Yotamu analibe mlandu ndatsala ndekha, ndipo ndinalephera kuwatsimikizira anthu awiri okha amene ankafunika kumva, agogowo eni ake ndi mwana wawo. Mayi ndikanawayankha chiyani? Ndakhala ndikufunafuna zaka zonsezi, ndipo mpaka lero yankho sindinalipeze.